Kuimba Osadzutsa Bambo Kulicke

Tsiku limene anatsitsa piyano ya Ottilie Paschke, ine ndinali pamasitepe ndi beseni la zochapa. Ndinachita kudzipanikiza kukhoma kuti amuna onyamulawo adutse. Mwini wake ankabwera pambuyo atakumbatira kampando ka piyanoyo, chifukwa wogula anati popanda kampandoko sagula.

Sanalire. Anangondiyang'ana n'kunena kuti, "Pepani mayi, takutsekerani njira."

Ndikukuuzani nkhani yake chifukwa ndatopa ndi anthu obwera kudzakhala kukhitchini kwanga n'kumadandaula kuti dziko lasintha, ntchito yawo yafa. Inde lasintha. Ndiye mutani? Ine ndili ndi ana anayi ndi mwamuna wa msana wopweteka, nthawi yozungulira ndilibe. Mverani.

Ottilie anali wamasiye. Mwamuna wake anapita ndi chifuwa chachikulu, n'kumusiyira mwana mmodzi wamkazi, Reni. Kwa zaka zambiri mayiyu ankaimba piyano m'kanyumba ka kanema kuno ku Wedding, dera lathu la mumzinda wa Berlin, nthawi imene mafilimu anali asanayambe kulankhula. Mahatchi akamathamanga pansalu, zala zake zinkathamanga nawo. Mtsikana akamalira pansalu, iye ankatiliritsa tonse, ngakhale amuna onunkha mowa a kumbuyo.

Chaka cha 1930 mafilimu anayamba kulankhula ndi kudziimbira okha. Mwini kanema anagula makina, n'kuuza Ottilie kuti zikomo kwambiri. Sanali yekha. Oimba a m'makanema a mu Berlin monse anadzaza m'misewu, ena atanyamula zeze zawo, ntchito palibe.

Patangopita masiku ochepa piyano itapita, kunabwera alamu ake, a Ewald, mkulu wa malemu mwamuna wake. Ali ndi munda kumudzi, ku Pomerania, ndipo mwalamulo ndi iwo anali oyang'anira mwanayo. Anakhala pampando, anayang'ana mphika wopanda kanthu, anayang'ana Reni.

"Mlamu, mwanayu waonda ngati kandulo. Ndipatseni. Kwathu akadya, akaweta atsekwe, akathandiza kumunda."

"Nanga sukulu, alamu? Aphunzitsi ake akuti mutu wake ndi wabwino."

"Atsekwe safunsa satifiketi."

A Ewald sanali munthu woipa, ayi. Anali mlimi, ndipo mlimi akaona mwana amaona manja awiri. Anakambirana mpaka khofi anazizira, n'kugwirizana motere: ikafika nthawi yokumba mbatatesi Ottilie alibe ntchito yokhazikika, a Ewald adzabwera kudzatenga mwana. Apo n'kuti chisanu chikungotha kumene.

Chinthu choyamba chimene Ottilie anachita chinali chobwereketsa bedi. Kuno bedi la mmphawi silizizira. Usiku ankagonapo iye ndi Reni, masana ankagonapo bambo Kulicke, amene ankagwira ntchito yausiku yosonkhezera ng'anjo ku fakitale ya gasi. Munthu wamkulu thupi, wamanja akuda ndi malasha, wosakonda zolankhula. Tsiku loyamba anapachika yekha nsalu yotchinga bedilo, n'kupereka lamulo lake.

"Mayi, ine sindivuta. Sindimwa, sindibweretsa alendo. Koma mukandidzutsa ndinyamula chikwama changa. Mabedi mumsewu uno alipo ambiri."

Kandalama ka bambo Kulicke ndi kamene kankatseka pakamwa pa mwini nyumba. Koma mphika sunkawira ndi kameneko.

Ndiye Ottilie anatsikira kumabwalo. Mukudziwa mmene zimakhalira: umalowa pabwalo la pakati pa nyumba, makoma mbali zonse, mazenera kukwera mpaka nsanjika yachisanu, n'kuyamba kuimba mutu uli chagada. Wokondwa amakulunga kobidi m'kapepala ka nyuzi n'kuponya. Wosakondwa amaponya batani, kapena madzi otsukira mbale. Woyang'anira nyumba akatulukira ndi tsache, umathawira bwalo lina.

Yekha sankamveka, mawu ake ndi apansi. Anapeza anzake atatu. Woyamba anali Meta, amene kale ankagulitsa nsomba pamsika, mkazi wa mawu oti akaitana mwana kuno, ana a m'misewu itatu amayankha. Enawo anali Wally ndi mng'ono wake, atsikana amene anachotsedwa ntchito ku fakitale ya mababu.

Apa ndi pamene luso la Ottilie linaonekera. Piyano inali itapita, koma m'mutu mwake inalimobe. Anagawa zimene zala zake zinkachita kwa anthu anayi. Uyu pamwamba, uyu pakati, uyu azingoti "bom, bom" ngati dzanja lamanzere. Akayamba, ngakhale ine wosakonda zachibwana ndinkasiya zochapa m'madzi n'kupita pazenera.

Tsiku lina bambo wina wovala chipewa chabwino anawamva, atabwera kudzaona azakhali ake. Anali wa ku kampani ina yaing'ono yojambula timafilimu tanyimbo, tija amayamba kuonetsa filimu yaikulu isanayambe, anthu akufunafuna mipando. Anati magulu a amuna oimba alipo ochuluka, bwana wake akufuna la akazi. Anawauza kuti abwere adzayesedwe.

Nyumba yathu yonse inawabwereka zovala. Ine ndinapereka kolala yanga yoyera ya tsiku la ukwati.

Anafika ku situdiyo, kum'mwera kwa mzinda. Anawaimika kutsogolo kwa kachitsulo kolendewera pachingwe, n'kuwauza kuti iyi ndi maikolofoni, imbani. Iwo anachita chimene ankadziwa. Anakweza mitu, anakoka mpweya, n'kuimbira nsanjika yachisanu.

Sanamalize ndime yoyamba. Chitseko cha kachipinda kagalasi chinatseguka, munatuluka munthu akuthothola zomvera m'makutu mwake ngati zamuluma. Ameneyo anali bambo Nowack, woyang'anira za mawu.

"Mukufuna kundigonthetsa? Singano ya makina yatsala pang'ono kuthyoka!"

Bwana wa filimu sanakweze n'komwe mawu. "Zikomo amayi. Khomo ndi lomwe lija munalowera."

Meta anatuluka akutukwana. Atsikana aja anatuluka akulira. Ottilie sanatuluke. Anaima pakhonde mpaka bambo Nowack atadutsa, n'kuwagwira pamkono wa jekete.

"Bambo, sindikupempha kuti mutibwezere. Ndingofunsa. Talakwa chiyani?"

Anamuyang'ana ngati akufuna kumukalipira, kenaka anapuma. "Nyimbo yanu ndi yabwino, mayi. Koma kachitsulo kaja si zenera lakumwamba. Ndi khutu. Munthu sakuwira m'khutu la mnzake. Imbani ngati muli pafupi ndi munthu wogona, koma liwu lililonse limveke. Mukadzatha zimenezo mudzandipeze."

Mukuona? Ena atatu anatenga manyazi n'kupita nawo kunyumba. Iye anatenga yankho.

Ali m'njira ankangoganiza za mawu aja, munthu wogona. Atafika kunyumba anatsegula chitseko pang'onopang'ono monga mwa masiku onse, anamva mkonono kuseri kwa nsalu, n'kuima pomwepo.

Mawa lake anaitana anzake. Kwa Meta kunali ana ndi apongozi, kwa atsikana aja kunali bambo awo oledzera. Malo ophunzirira anali amodzi okha basi. Anamangirira chipande chachitsulo pachingwe, n'kuchilendewetsa kudenga pakati pa chipinda.

"Maikolofoni yathu ndi iyi. Mitu pamodzi. Ndipo woyesa mayeso ndi uyo." Analoza nsalu ija.

"Wapenga iwe," anatero Meta. "Chimphona chimenechi chikadzuka, ugona pansi pa mlatho."

"Ndiye usachidzutse."

Tsiku loyamba lomwelo Meta anachidzutsa. Anafika pamene nyimbo imakwera, khosi linaiwala, linatseguka lonse. Jombo inauluka kuchokera kuseri kwa nsalu n'kukagunda mbaula. Bambo Kulicke anatulutsa mutu, tsitsi lili nyankhalala, maso ofiira.

"Ndinati chiyani ine?"

Anayamba kulonga chikwama. Ottilie anaima pakhomo, n'kuwauza zonse, za situdiyo, za a Ewald, za mbatatesi. Sanakometsere.

Bambo aja anakhala pabedi, jombo imodzi ili kuphazi. "Mwana uja amene amandisiyira bedi loyala bwino?"

"Yemweyo."

"Hm. Imbani. Koma ndikadzukanso, mayi, sindidzafunsa za mwana wa munthu. Ng'anjo ija siseka ndi munthu wosinza."

Ndipo ankanena zoona. Munthu wosagona akagwa patsogolo pa ng'anjo, ndi maliro. Ottilie ankadziwa kuti akusewera ndi denga la pamutu pake, komanso ndi moyo wa munthu wina. N'chifukwa chake sanalekerere aliyense.

Ine anandilowetsamo mosafuna. Anagogoda kwanga ndili ndi thovu m'manja. "Mayi, ndibwerekeni khutu lanu. Muziima pakhomo langa. Liwu limene simunalimve muzindiuza."

Ndinati ndilibe nthawi. Anati ndibwere ndi zosoka zanga. Ndiye masana ambiri ndinkakhala pakhomo pake ndikusoka masokosi, n'kumati, "Sindinamve. Mwati chiyani, mtima kapena mtengo?" Akakweza kuti ine ndimve, mkonono unkaduka kuseri kwa nsalu, onse n'kuuma ngati mitengo mpaka utayambiranso. Akatsitsa kuti bambo aja asadzuke, ine sindinkamva kanthu. Njira inali pakati pamenepo, yopyapyala ngati ulusi.

Kuimba motsitsa si kunong'ona, ndinaphunzira zimenezo nditakhala pakhomopo. Kumafuna mpweya wambiri kuposa kukuwa. Wally ankachita chizungulire. Mng'ono wake ankaseka pakati pa nyimbo chifukwa mphuno zawo zinkagundana pachipande.

Vuto lalikulu anali Meta. Mawu ake ndiwo anali chuma chake chokha padziko, ndiye wina azimuuza kuti awabise?

"Ine ndinabadwa ndi belu pakhosi. Ukufuna ndizilira ngati kamwana ka mphaka?"

"Ndikufuna ubwerere m'mbuyo. Pita uko. Pitanso."

"Ndafika pakhomotu! Ndiponda mayi awa!"

"Pamenepo ndiye pabwino."

"Amene amabweretsa makobidi ambiri pabwalo ndani? Ine! Lero ndiziimira kukhomo ngati wopempha mchere?"

Anamenyetsa chitseko. Mwamwayi chinali chitseko changa, osati cha Ottilie, chifukwa ngakhale atakwiya ankakumbukira kuti muli munthu wogona. Anasowa masiku angapo. Ottilie anamutsatira mpaka kwawo, osati kukamunyengerera, koma kukamuuza zoona.

"Meta, popanda iwe nyimbo ilibe msana. Koma msana suoneka kutsogolo. Ubwera kapena ndifune wina?"

"Wina wake ndani? Mu Wedding muno?" Anavala chikhoti chake n'kubwera.

M'mawa ankakuwa m'mabwalo kuti adye. Masana ankaimbira chipande. Madzulo makosi ankawawa, n'kumamwa madzi otentha a anyezi. Miyezi inadutsa, dzuwa linafika, mazenera onse anatseguka. Reni ankabwera kusukulu n'kukhala pamasitepe ndi mabuku ake, osafunsa kanthu, koma ndinkamuona akuyang'ana ngolo za ndiwo mumsewu ngati akuopa kuona mbatatesi zatsopano.

Lolemba lina bambo Kulicke anabwera kuchokera kuntchito nkhope ili yolemera. Ottilie anaganiza kuti basi, akuchoka.

"Mayi, dzulo munali kuti?"

"Dzulo linali Lamulungu, bambo. Sitiphunzira."

"Ndangotembenuka ngati soseji m'chiwaya tsiku lonse. Chete ameneyu sindinamuzolowere. Lero muyambe msanga, ndipo muyambe ndi ija yapang'onopang'ono."

Analowa kuseri kwa nsalu. Ottilie anabwera kwanga, n'kukhala pampando wanga osaitanidwa. "Mayi, takonzeka."

Kukonzeka ndi kwina, kulowa ndi kwina. Mlonda wa pageti ya situdiyo anawakumbukira. "Si inu munaswa makina aja? Kulibe malo." Ottilie anapita, anabwezedwa. Anapitanso, anabwezedwa. Ankayenda wapansi ulendo wonsewo kuti ndalama ya sitima ya mumsewu igule buledi, mpaka nsapato zinabooka n'kuikamo katoni. Anasiya uthenga, sunafike. Wally anayamba kunena zopita kukagwira ntchito ya m'nyumba kwa anthu olemera.

Koma munthu woima pageti nthawi yaitali amaona zinthu. Ottilie anaona kuti masana aliwonse bambo Nowack amatuluka kukadya soseji pakangolo ka pakona. Ndiye tsiku lina anabwera ndi anzake onse. Bambo aja atangoluma soseji, anapezeka azunguliridwa ndi akazi anayi, atatu pafupi, mmodzi wamkulu chapatali pang'ono.

"Munati tikadzatha tidzakupezeni. Musasiye kudya."

Anaika mitu pafupi ndi khutu lawo n'kuyamba. Magalimoto ankadutsa, wogulitsa nyuzi ankakuwa, anthu oima pafupi sanadziwe n'komwe kuti pali nyimbo. Koma bambo Nowack anasiya kutafuna. Msuzi wa pasoseji unadontha pa tayi yawo, osaona.

Atamaliza anafunsa kuti, "Wakuphunzitsani ndani?"

"Bambo wina wa ku fakitale ya gasi," anatero Meta. "Ndi wankhanza. Amaponya jombo."

Bambo Nowack anakalankhula ndi bwana wawo. Bwanayo anakana, kenaka anavomera monyinyirika. Anati kafilimu kamodzi, ndipo akawononga filimu yake asadzaonekenso. Apo n'kuti masamba a mitengo atayamba kufiira, ndipo a Ewald anali atatumiza kale mawu oti akubwera.

Za tsiku lojambula anandifotokozera onse anayi, aliyense mwa njira yake, koma pa mfundo izi amagwirizana.

Anawaveka ngati akazi ochapa padenga la nyumba, kumbuyo kuli mzinda wojambula pansalu. Nyimbo inali yoseketsa, ya mphepo imene ikuba masokosi pachingwe. Maikolofoni anaibisa mumtanga wa zovala. Kamera inali m'kabokosi kake kotsekedwa ngati kabati, kuti kulira kwake kusamveke, ndipo wojambula ankatulukamo ali thukuta ngati wachokera mumphika. Nsapato anazikulunga ndi nsalu yokhuthala. Mikanda anavula. Diresi la silika la Wally, lobwereka, analikana chifukwa linkachita phokoso akapuma. Zitseko anatseka, mpweya osalowa, nyale zikuwotcha pamutu. Ndipo chithunzi ndi mawu zinkajambulidwa nthawi imodzi. Wina akatsokomola, zonse zatayika.

Belu linalira. Chete. Anayamba, ndipo zinkayenda bwino, mpaka pakati pa nyimbo pamene pali kupuma pang'ono. Chitseko chagalasi chinatseguka.

"Imani! Ndani walowetsa galu muno?"

Anafunafuna kuseri kwa nsalu, pansi pa matabwa. Galu panalibe. Bwana analuma mano. Anayambanso. Pamalo omwewo, bambo Nowack anatulukanso.

"Chikubangula ndithu. Chikuchokera pafupi ndi mtanga."

Onse anakhala chete kumvetsera. Ndipo m'chete mmenemo chinalira, chachitali, chokhala ndi mchira. Mng'ono wake wa Wally anagwira pamimba, nkhope ili psuu. Chisanathe n'komwe, mimba ya Meta inayankha kuchokera kumbuyo.

Anali asanadye chilichonse. Kandalama kamene kanalipo anakwerera sitima kuti asafike ndi fumbi, ndipo dzulo lake sanapite kumabwalo, posunga makosi. Pabwalo mimba ikhoza kulira mmene ingafunire, palibe amene amaimva. Koma khutu lija limamva zonse, ndi njala yomwe.

Anyamata a nyale anayamba kuseka. Bwana sanaseke. Anaponya pansi mapepala ake. "Kawiri! Mukudziwa mtengo wa filimu imene yapita? Ndinanena ine kuti anthu a m'mabwalo ndi a m'mabwalo. Atulutseni."

Atsikana aja anayamba kumasula maepuloni. Ottilie anati, "Siyani." Anatsika padenga labodza lija, nsapato zokulungidwa zili phwa phwa, n'kukaima pamaso pa bwanayo.

"Bwana, pa mawu talakwitsa?"

Bwana anayang'ana bambo Nowack. Iwo anapukusa mutu. "Mawu ali bwino kwambiri."

"Makosi tawaphunzitsa miyezi yonseyi, ndipo amva. Mimba simva maphunziro. Imamva supu. Filimu mwataya kale kawiri. Mukatithamangitsa mutsala opanda kanthu. Mukatipatsa mbale imodzi imodzi, mukhala ndi kafilimu kanu dzuwa lisanalowe."

Kenaka mimba ya Meta inaliranso, ngati ikuvomereza. Bwana anayesa kuumitsa nkhope, koma zinamukanika. Anakhala pampando wake, dzanja kumaso, mapewa akugwedezeka.

"Apatseni supu. Ndi buledi. Wamkuluyo mumupatse ziwiri."

Anadya supu wa nsawawa wokhala ndi soseji, atakhala pamatabwa, maepuloni atawaphimba ndi nyuzi. Anadikira pang'ono kuti zikhazikike. Belu linalira kachitatu. Anaimba kuyambira poyamba mpaka pomaliza, mitu itatu pamodzi pamwamba pa mtanga, Meta kumbuyo akuyanika malaya, mawu ake akugwira nyimbo yonse pansi ngati mtanda wa denga. Atamaliza palibe amene anatuluka m'kachipinda kagalasi. Bambo Nowack anangokweza dzanja kuseri kwa galasilo.

Sabata yomweyo bwana uja anawalemba kuti ajambule timafilimu tina nyengo yonse yachisanu, malipiro pamwezi. Pambuyo pake a wailesi nawo anawaitana. Analamulanso kuti aliyense woimba pa situdiyo yake azidya kaye asanajambule, ndipo Meta amati limenelo ndi lamulo lake, analemba ndi mimba.

Patapita masabata angapo, a Ewald anafika Lamulungu, atanyamula thumba la mbatatesi paphewa ndi kasutikesi kopanda kanthu ka mwana. Anakwera masitepe akupuma mwamphamvu. Ine ndinali pakhomo langa, ndipo sindibisa, sindinatseke.

"Mlamu, ndabwera monga tinapanganira. Walonga?"

"Khalani pansi alamu, mumwe khofi. Mwana sapita. Ntchito ndapeza."

"Ntchito yanji?"

"Yoimba. M'mafilimu."

"Ndati ntchito, mlamu."

Ottilie sanakangane nawo. Anawatenga iwo ndi Reni masana omwewo kupita ku kanema wa mumsewu waukulu, kumene kafilimu kaja kanali katayamba kuonetsedwa. Reni anandiuza kuti a Ewald anakhala chipewa chili pamaondo, osagwedezeka. Nkhope ya mayi ake itatulukira pansalu, yaikulu ngati chitseko cha khola, anamugwira mwanayo pamkono n'kufunsa mokweza kuti, "Akutionatu?" Anthu anawakhalitsa chete.

Atatuluka anayenda mpaka pakona.

"Ndiye amakulipirani chifukwa cha masokosi amenewa?"

"Mwezi uliwonse, alamu."

"Dziko lapenga." Anakanda m'mutu. Anayang'ana Reni. "Iwe, aphunzitsi ako aja akuti mutu uli bwino?"

"Eya, bambo aakulu."

"Ndiye uugwiritse ntchito. Atsekwe ndiwapezera wina." Mbatatesi anasiya. Kasutikesi anabwerera nako kopanda kanthu.

Musaganize kuti Ottilie analemera. Kafilimu kotere kamatha munthu asanavule n'komwe chikhoti, ndipo mayina awo amalembedwa ting'onoting'ono. Akukhalabe pamwamba pathu pomwepa. Koma mphika wake ukuwira, nsapato zake zilibe katoni, ndipo Reni m'mawa uliwonse amatsika masitepe ndi chikwama cha mabuku, akudumpha awiriawiri, n'kundidzutsira mwana. Ndimamukalipira, koma mumtima ndimakondwa.

Tsopano inu amene mwakhala pansi chifukwa makina kapena bwana kapena nthawi yakulandani chimene munkachidziwa, ndimvereni, sindibwereza. Akakubwezani pakhomo, musathamange ndi manyazi anu. Imani, funsani chimene chalakwika, ngakhale nkhope ikutentha. Mukamva, pitani mukayambe ndi zimene zili m'nyumba mwanu, kaya ndi zosekesa bwanji. Akakubwezaninso, bwereraninso. Ndipo njala yanu ikamveka pagulu, musachite nayo manyazi, nenani zoona n'kupempha chimene chikufunika kuti ntchito itheke.

Kulira lirani, ine ndimaliranso, koma muzilira manja akugwira ntchito. Mtima wokhawo musautaye. Muli nawo umodzi, ndipo pali mwana wina amene akuudalira.